Mkono wa jekete

Nkhani ya mkono wa jekete sindinauzepo munthu, ngakhale mkazi wanga. Sukulu ndinaiyamba ndili ndi imvi kale, choncho ndilemba mmene ndingathere.

Tsiku lina pa Sondo, itatha Misa ku Mpanshya, achinyamata anachita sewero loseketsa mu holo. Linali la banja logawana zovala za womwalira. Poyamba onse anakhala mwaulemu pamphasa, amalume akunyamula chovala chimodzichimodzi ndi kutchula wolandira. Kenaka azakhali anabisa nsapato m'chitenje, wina anavala mathalauzi awiri, mbale zinagubuduzika, amalume anathawira pansi pa tebulo. Anthu anaseka mpaka kugwa pa mabenchi. Inenso ndinali kuseka.

Ndiye achinyamatawo anatulutsa jekete yofiirira, mkono umodzi wake, winawo wa nsalu yongosokerera. Inali jekete ya malemu akulu athu. Pogawa zovala zawo, amalume athu anaipatsa mng'ono wanga, amene anawadwazika. Ine ndinaigwira. Tinakokana pamaso pa mlamu wamasiye mpaka mkono unatsala m'manja mwanga. Kuchokera tsikulo sitinalankhulanenso, ndipo ana athu anakula osadyera mbale imodzi.

Anyamata awiri anayamba kukokana jeketeyo. Mmodzi, akutsimphina monga ndimachitira ine, anakuwa kuti, "Siya, iwe! Ndinayamba ndine kuona dzuwa!"

Mawu anga enieni. Nsalu ija inathothoka, mnyamatayo anagwa chagada, anthu anakuwa ndi chiseko. Mayi wina pafupi nane anali kupukuta misozi, akuti anthu opusa chotere kulibe.

Ndinacheuka. Mng'ono wanga anali kumbuyo pafupi ndi chitseko, osaseka. Sindinadziwe kuti anakalamba chonchi. Jeketeyo ndiye anaibwereketsa, palibenso wina. Kaya anafuna kundichititsa manyazi, kaya kundiitana, sindinathe kudziwa. Potuluka anaima pambali panga, maso ali pansi.

"Bakulu, ikali kundikwana," anatero. "Koma mphepo ilowa mbali imodzi."

Abale onse amaganiza kuti mkono uja ndinautaya. Zaka zonsezi unali pansi mu sutikesi yanga, wopindidwa bwino.

M'mawa mwake ndinautulutsa, ndinapempha singano ndi ulusi kwa mkazi wanga, ndinapopa njinga, ndi kulunjika kwa mng'ono wanga.