Tambwali wa M'sewero Lathu

Dzulo lole ya matabwa a ku Chikangawa itandidutsa, fungo la utomoni linandibwezera ku pulayimale ku Mzimba.

Tinkachita sewero lochokera m'buku la Chichewa, ine ndili tambwali wakuba chimanga. Malowo ndinachita kulimbirana, poti m'bukumo tambwaliyo amathawa. Koma tsiku loonetsa sewerolo kunabwera akuluakulu a chipani, ndipo ndinamva aphunzitsi akuuza mnzanga wosewera mwini munda kuti, "M'dziko muno wochenjera sapulumuka." Anamupatsa kathabwa kakawisi ka paini.

Mnzangayo anandigwetsera pafumbi n'kuyamba kundimenya zenizeni. Ndinakuwa m'Chitumbuka, "Amama, nafwa ine!"

"Tambwali wathu amalira m'Chichewa," anatero aphunzitsi. "Yambiraninso."

Alendo anaseka, naomba m'manja. Mnzanga uja, misozi ili mbwembwembwe, anakwezanso kathabwa kaja.