Miyala ya Kubusa kwa Apongozi

Orest Hryciuk anabadwa ndi mdani mmodzi, ndipo mdaniyo ndi mwala. Kwathu kuno ku Saskatchewan, m'dziko la Canada, chisanu chikamatha nthaka imabereka miyala ngati mbatata, moti mlimi amayamba watola kaye asanafese tirigu, apo ayi makina aguluka mano. Ena amatola akung'ung'udza. Orest amatola akutukwana, mwala uliwonse ndi mwano wakewake. Anayamba ali ndi mamina m'mphuno, akutsatira ngolo ya bambo ake, mpaka imvi zamupeza atawerama. Ngakhale pamaliro, akaona mwala panjira ya kumanda amaukankha ndi phazi anthu ali pakati pa nyimbo.

Mkazi wake, Marlene, anali ndi busa limene malemu bambo ake anamusiyira, malo oti pulawo sinalaweko. Kumunsi kwa busalo kunali kasupe womwera ng'ombe. Miyala inali mbwee mu udzu, ndipo Orest akamadutsa manja ankamuyabwa, koma lamulo la Marlene linali limodzi: busa la bambo anga musaligwire.

Chaka china a khonsolo anaganiza zolambula msewu wodutsa m'busamo, pa kasupe penipeni. Marlene anayenda m'maofesi mpaka nsapato kutha, osaphula kanthu. Amene anamutsegula maso ndi mnzake wa kusukulu, Irene Paskemin, mayi wa kutsidya kwa mtsinje, wa mtundu wa Cree, eni nthaka amene azungu anawapeza kuno. Irene anati makolo awo ankamanga mahema pafupi ndi kasupeyo, ndipo akatswiri ofufuza zakale akadzaona ndi maso awo, msewu upatuka.

"Akubwera Lachinayi," anatero Marlene akuthira khofi. "Akudzaona pamene panali mahema. Mukundimva, bambo?"

"Ndikumva."

"Mwamva chiyani?"

"Alendo. Zakale. Lachinayi."

Khutu lina linali pa wailesi, kumene ankanena za mvula. Mawu atatuwo ndi amene analowa, ndipo Orest anawasinkhasinkha mwaulimi. Zakale zimakhala pansi, aliyense amadziwa. Nanga anthuwo akumba bwanji pamalo odzaza miyala chonchija? Komanso manyazi: alendo ochokera kutali adzaone busa losatoledwa, adzati mwamuna wa pakhomo pano ndi ndani?

Lachitatu Marlene atapita kutauni kukagula zophikira alendo, Orest analiza thalakitala. Aa, tsiku limenelo mkuluyu anasangalala! Miyala yake inali yaulemu. Sinabalalike ngati ya kumunda, inachita kukhala mozungulira, bwalo apa, bwalo apo, moti iye ankangozungulira ndi ngolo akuzula ndi chitsulo. Anatukwanako apongozi ake pang'ono chifukwa cha ulesi, kenaka n'kupepesa poti ndi malemu. Pamwamba pa chitunda cha m'busamo pokha ndi pamene sanafike, msana unakana.

M'mawa mwake alendo anafika: Irene atanyamula kathumba ka fodya wopereka kwa makolo, ndi katswiri wa kuyunivesite, mayi Friesen, wa nsapato zazikulu ngati za msilikali. Orest anatsogola chifuwa chili patsogolo. Atafika pa kasupe analoza mulu wa miyala pakona pa mpanda.

"Ndakuyeretserani. Kumbani momasuka."

Mayi Friesen anavula chipewa, kuyang'ana maenje mu udzu, kuyang'ana mulu, n'kuvalanso chipewacho.

"Orest," anatero Marlene motsitsa mawu, ndipo amene akumudziwa amathawa akatsitsa mawu. "Mwachita chiyani?"

"Ndatola miyala. Nanga akanakumba bwanji?"

"Akumbe chiyani? Amabwerera miyala yomweyo!"

"Miyala? Anthu achoke kumzinda, mafuta onsewo, kudzaona miyala? Bwanji osabwera kumunda kwanga, ndikanawapatsa ngolo yodzaza!"

Irene anakhala pansi pa udzu. Anaseka pang'ono, koma kuseka kwake sikunali kokoma.

"Alamu," anatero, "miyala imeneyo ndi imene inkapsinja zikopa za mahema kuti mphepo isanyamule. Bwalo lililonse linali nyumba ya munthu. Asilikali anabwera, anaisiya. Amishoni anabwera, anaisiya. Ng'ombe za apongozi anu zaiponda mpaka kutopa. Inu tsiku limodzi lokha, ndi msana wowawa womwewo."

Orest anatembenuka n'kuyang'ana mulu uja. Anakumbukira mabwalo aja, mmene ankawayamikira kuti ndi osavuta kutola.

"Ndibwezera," anatero. "Lero lomwe. Maenje alipo."

"Mukudziwa kuti uti unali pati?" anafunsa mayi Friesen mofatsa.

"Mwala ndi mwala, mayi."

"Pakamwa!" anakuwa Marlene. "Tsekani pakamwa, mwina mungatsale ndi mkazi."

Mayi Friesen anayesetsa, tisawanamizire. Anajambula maenje, anayeza, anakwera chitunda n'kupeza mabwalo angapo amene msana wa Orest unawapulumutsa. Irene anakaika fodya wake kumeneko, kenaka anatsika n'kuwaza wotsala pa mulu uja, osayang'ana munthu. Koma zimene katswiri analembera a khonsolo zinali zoona zokhazokha: kumtunda kuli malo ofunika kutetezedwa, kumunsi kunasokonezedwa. A khonsolo anathokoza kwambiri. Chitunda anachitchingira ndi waya, msewu n'kuudutsitsa kumunsi monga ankafunira poyamba, ndipo kasupe anakwiriridwa.

Chitundacho tsopano chimalandira alendo. Ana a sukulu za mbali zonse ziwiri za mtsinje amabwera pa basi, Irene n'kumawaonetsa pamene panali khomo la hema ndi pamene pankakhala moto. Orest amawaona ali patali, chifukwa Marlene anamuuza kuti akadzangodutsa waya uja adzagona m'khola.

Ng'ombe nazo sizinamve za khonsolo, zimafuna madzi tsiku lililonse. Ndiye m'mawa uliwonse, kaya kukutentha kaya madzi aundana m'paipi, mumuona Orest akukoka thanki kuchokera kunyumba kupita kubusa, pa msewu watsopano womwewo. Ife anzake tikakumana naye timatsitsa galasi la galimoto n'kumufunsa mwaulemu ngati ng'ombe zaitanitsanso tiyi. Amangoti msewuwo ndi wabwino, thanki siigwedezeka.