Mmene Norbibi Anatsitsira Chilumba Chathu

Ndakhala moyandikana ndi Norbibi kuyambira tili atsikana, ndipo ndikuuzeni, mkazi ameneyu sanabadwire ufumu. Anabadwira kuphika buledi ndi kulalata. Uvuni wake wadothi uli kuseri kwa khola langa la mbuzi, pachilumba chathu choyandama m'mitambo cha Bulutak, ndipo utsi wake ndaupuma zaka zonsezi popanda ndi pepani yemwe. Mwamuna wake anamwalira msanga, ena amati pofuna kupumula, n'kumusiyira mwana mmodzi wamkazi, Oydin.

Oydin atakula anakwatiwa ndi Tursun wa ku Yelmar, chilumba chimene chinkayandama kunsi kwathu, patali ndithu, moti mitambo ikachoka madenga awo ankaoneka ngati timbale tovundikira. Makwerero achingwe opita kumeneko ndi a anthu a maondo abwino. Maondo a Norbibi anathera pa uvuni kalekale, ndipo dengu lotsitsira katundu limanyamula mbuzi imodzi, pamene iye ndi mbuzi zitatu. Oydin ndiye ankakwera kudzamuona, mpaka anaima. Mwana atabadwa maulendo anathera pomwepo, chifukwa kwathu khanda silikwezedwa pachingwe lisanayambe kuyankhula. Norbibi ankagona chafufumimba m'mphepete mwa chilumba n'kumakuwa kuti amuonetse mdzukulu, koma ankangoona kansalu kofiira. Tsiku lina ndinamupeza akulira pamenepo, mkazi wapakamwa uja, ndipo zinandipweteka mtima.

Chaka chomwecho mfumu yathu ya zilumba zonse inatopa n'kutula pansi udindo. Kasankhidwe ka ina ndi kakale komweko: wamkulu aliyense amazula mwala pachilumba chake n'kukausiya pakhomo la amene akumufuna, ndipo mwala ukaikidwa suchotsedwa. Chilumba cholemedwa kwambiri chimatsika kunsi kwa zonse, mwini khomolo n'kukhala mfumu. Makolo anati mfumu izikhala pansi kuti madandaulo ndi madzi otsukira mbale zizigwera pa iyo.

"Ndiima nawo," anandiuza Norbibi m'mawa wina, manja ali mbuu ndi ufa.

"Iweyo? Ufumu? Wadya chiyani lero?"

"Ufumu wa chiyani, chitsiru iwe! Ndikungofuna timiyala toti titsike mpaka tilingane ndi Yelmar. Ndinyamule mdzukulu wanga, basi. Ufumuwo atenge ofuna kunyowa."

Nzeru inali yabwino, ndivomere ngakhale sindikufuna. Anayamba kugawa buledi waulere, miyala n'kumabwera, ife n'kumatsika pang'onopang'ono. Koma anthu sadziwa polekezera. Anzake opikisana nawo ankalonjeza zingwe zosaduka ndi mvula yogwa anthu atagona. Norbibi sankalonjeza kanthu, ndipo anthu anali asanaonepo zotere chibadwire. Mulu wa miyala unaposa denga lake. Ataona kuti tikutsika mothamanga, anaganiza zowapirikitsa ndi pakamwa.

"Inu madala a mutu ngati chikho, wakuitanani ndani? Mwala umenewo kakhalireni kwanu!" anakalipira mdala wina amene anabwera ndi mwala.

"Mwamva?" mdalayo anauza anzake, nkhope ili mwee. "Ameneyu sanyengerera munthu. Mfumu ndi imeneyi!" Anabwerera kwawo kukatenga mkazi wake ndi mwala wina.

Koma amene anatipha ndi anthu a ku Yelmar. Tursun, pofuna kusangalatsa apongozi ake, anayenda khomo ndi khomo, ndipo chilumba chonse chinazula miyala n'kukwera nayo kwathu, ena mpaka kugumula maziko a makola. Ngakhale mwana amadziwa kuti chilumba chikapepuka chimakwera. Palibe ndi mmodzi yemwe anaganizako, ndi ine ndemwe. Ife tinkatsika, iwo ankakwera.

Tsiku lotseka chisankho, dzuwa lili paliwombo, madenga a Yelmar anatulukira mumtambo pafupi ndi khola langa, kenako mazenera, kenako makomo. Zilumba ziwirizi zinalingana, pakati pali mpata woti n'kupatsirana mchere, koma panalibe choima. Oydin anathamangira m'mphepete ndi khanda, Tursun ali pambuyo ndi thumba la matewera.

"Amayi, landirani msanga! Tikupitirira!"

Norbibi anapukutira manja pa diresi n'kulandira. Chidziwireni mkazi ameneyu, tsiku limenelo ndi limene ndinaona pakamwa pake pali potseka. Anamununkhiza mwanayo pamutu, kumugwiragwira tizala, kamwanako n'kumukoka ndolo mpaka khutu kufiira, iye osadandaula. Ine misozi inangotuluka yokha, ndipo ndinanamizira utsi wa uvuni.

Nthaka ya Yelmar inafika m'maondo mwathu. Posakhalitsa inali m'chiuno.

"Amayi, bweretsani mwana!"

Norbibi anayang'ana kumwamba kumene Yelmar inkalowera, anayang'ana maondo ake, kenako anayamba kubwerera cham'mbuyo, khanda lili pachifuwa.

"Apongozi, musatero chonde!" anakuwa Tursun. "Miyala yonse ija ndinakusonkhanitsirani ndine!"

"Mlandu wako ndi womwewo, mkamwini. Wofuna mwana atsike!"

"Amayi, mwapenga kodi?"

"Ndinapenga tsiku limene ndinakulola kukwatiwa kunsi. Dumpha, mwana iwe, mpata ukukula!"

Oydin sanafunse maganizo a mwamuna wake. Anakwinya diresi, anadumpha, n'kugwera pakati pa mbuzi zanga, zimene sizinatulutse mkaka sabata yonse, ndipo za pepani musafunse. Tursun anatsala akuyeza mpata ndi maso, kupita kutsogolo, kubwerera, mpaka mpatawo unasanduka phompho. Anakwera kumwamba ndi matewera ake akukuwa zosamveka. Anadzatsika pachingwe patapita masiku, manja atatupa, ndipo mpaka lero amapepesa apongozi ake osadziwa bwinobwino chimene analakwa.

Madzulo a tsiku lotseka chisankho lija Bulutak inaima kunsi kwa zilumba zonse. Akuluakulu a dziko anatsika ndi ng'oma, malipenga ndi chipewa chaufumu chaubweya. Anapeza mfumu yawo yatsopano itakhala pansi, itatsamira mulu wa miyala, mdzukulu ali pamiyendo. Wamkulu wawo anakonza kukhosi kuti ayambe mawu olonga ufumu.

"Chipewacho ikani pazenera apo," anatero Norbibi monong'ona, osadzutsa ndi mutu womwe. "Ndipo wa ng'omayo akangoyerekeza, aona. Mwana wagona."