Dzanja Losatsika ku Annandale

Ntchito yanga ndi yosamalira okalamba m'nyumba zawo. Kusambitsa, kuveka, kudyetsa. Chaka china kampani inanditumiza ku Annandale, tauni ina ya kuno kutsidya kwa nyanja, kwa bambo ena achiarabu amene mutu unali utayamba kuwasokonekera. Ankakhala ndi mwana wawo wamkazi, dokotala wa mano.

Vuto linali dzanja. Akakhala patebulo, ankakweza dzanja lamanja n'kulisiya m'mwamba momwemo. Linkanjenjemera, koma osatsika. Lamanzere sankadyera. Ndikawayandikizira sipuni ankatembenuza nkhope. Thalauza inayamba kuwavuka m'chiuno. Kuchipatala anati zikapitirira, awaboola pamimba n'kuika paipi ya chakudya.

Mwana wawoyo ndiye anandifotokozera. Kale bambowo anali phungu m'nyumba ya malamulo imene mayiko a Aarabu amakumaniramo, dziko lililonse ndi anthu ake. Kumeneko munthu salankhula mpaka wapampando atamupatsa mpata.

"Akudikira mpata," anatero. "Ine ndayesa. Amati choka apa, ndiwe mwana."

"Nanga ine?"

"Inu sakukudziwani. Komanso nkhope yanuyi ndi yosaseka."

Anandiphunzitsa mawu ochepa achiarabu operekera mpatawo, kuti ine ndikhale wapampando. Kunyumba kwanga ku Lanham ndinatulutsa jekete ya kutchalitchi. Mkazi wanga anaseka mpaka kukhala pansi.

"Sitandade eyiti yomweyi, lero a Sipika? Mukatikumbukire ndi msewu wa tala kumudzi."

"Ndipatse tayi."

Ndinakhala kumapeto kwa tebulo. Ndinagogoda ndi sipuni, n'kunena mawu aja. Bambowo anaimirira okha, munthu amene ndinkachita kumunyamula popita kubafa. Anamanga batani la jekete imene sanavale. Analankhula nthawi yaitali. Ine sankandiyang'ana. Ankayang'ana mipando yopanda anthu, uwu kenako uwo, ndipo pena ankaima kaye ngati wina wawadula mawu. Atatha anakhala pansi n'kukwezanso dzanja. Sanadye.

Tinachita zimenezi masiku angapo. Akayamba kulankhula, mwana wawo ankathawira kukhitchini. Tsiku lina ndinamuitana.

"Mayi, khalani mumve. Wapampando wake ndi gonthi, Chiarabu sindimva."

Anakhala. Mawu ali mkati, anagwira pakamwa.

"Akutchula anthu a mumsewu wa kwathu," anatero. "Wophika buledi. Aphunzitsi ena. Amalume anga. Nyumba zinawagwera pankhondo. Akupempha nyumba ya malamulo ivomereze kuti afukulidwe, akaikidwe m'manda ngati anthu."

"Kumeneko anakapemphadi?"

"Sindikudziwa. Sankatiuza."

Bambowo anakhala pansi, dzanja m'mwamba. Mwana wawo analiyang'anitsitsa.

"Ili si lopempha mpata. Akuvota. Akudikira kuti muwerenge."

Ndinakweza langa. Iye anakweza lake. Ndinawerenga mokweza, ndikuloza: manja atatu. Bambowo anapukusa mutu. Ndi chala chakumanzere analoza mpando wa pafupi ndi zenera. Ndinauwerenga. Analoza wina. Kenako kukhoma, kumene kunalibe mpando. Chala chinkayenda, ine ndikuwerenga, mpaka pachitseko, mpaka m'kanjira kopita kuzipinda. Penapake anandibweza mokalipa. Ndinali nditadumpha munthu.

Anali masana, dzuwa likulowa bwinobwino pazenera. Panja wina ankatchetcha kapinga ndi makina.

Atakhutira anagwedeza mutu. Ndinagogoda. Dzanja linatsika pang'onopang'ono, n'kunyema buledi. Anadya theka la mbale, akutafuna modekha, maso ali kuchitseko.

M'mawa mwake linakweranso. Tinawerenganso, ndipo anthu anali atachuluka kuposa dzulo lake. Paipi sanawaike. Miyezi yonse imene ndinagwira m'nyumba imeneyo ndinkawerenga asanadye, ndipo podutsa m'kanjira kaja ndinkayenda chammbali.