Phukusi la Anasopo

Kochapira zovala pachipatala kuli mayi wina amene anthu onse, ndi madokotala omwe, amangoti Anasopo. Achapa pamenepo zaka makumi awiri ndi zitatu, zala mpaka kuchita makwinya ngati za khanda. Shiti ya pabedi yopinda iwo ngakhale wakhungu amaizindikira.

Kapitawo wawo atapuma pantchito, mabwana anati wofuna mpandowo abwere ndi satifiketi. Anasopo analibe. Akanapanda kuipeza chaka chomwecho, akanayamba kulamulidwa ndi mtsikana amene anamuphunzitsa okha kugwira simbi. Ndiye anagula kope n'kulowa sukulu ya akuluakulu yamasana.

Masamu a zilembo anawayamba mwamatama. Aphunzitsi, amsinkhu wa mwana wotsiriza wa Anasopo, ankavutika kufotokoza kuti x amaphatikizidwa ndi x mnzake, y ndi y mnzake.

"Mwanawe, usatope," anatero Anasopo. "Ekisi ndi shiti, wayi ndi tawulo. Ndani wamisala amaziunjika mulu umodzi?"

Koma mabulaketi atafika, matama anathawa. Pa 5x + 3y − (2x + y), iwo ankachotsa mashiti awiriwo bwinobwino, tawulo lija n'kuliwonjezera. Yankho: 3x + 4y. Cholembera chofiira khwaa! Mlungu wonse.

Amuna awo, mlonda wopuma amene ntchito yake yatsopano ndi kusuzumira m'makope a anthu, anafunsa mwaulemu kwambiri:

"Amayi, munali ndi matawulo atatu. Mwachotsapo, akhala anayi. Akuswana kodi? Ndimange khola?"

"Mangani, mukagonemo nokha."

Mayeso atatsala masiku anayi, namwino wina anabwera kudzatenga zofunda za wodwala. Pa alumali panali mashiti asanu ndi matawulo atatu. Anasopo anayala mashiti awiri, anaikamo tawulo, mfundo ndii, namwino n'kunyamula. Potembenuka, maso anagwera pa alumali paja.

"Asisitala, taimani!"

"Chavuta n'chiyani, amayi?"

"Mwatenga ndi tawulo lomwe!"

"Nanga ndikanalisiya bwanji? Mwalimangira mkati ndinu."

Anasopo anakhala pansi pa mulu wa mabulangete akuda, kuseka mpaka misozi. Mabulaketi aja ndi mfundo chabe! Wonyamula phukusi amapita ndi zonse zili mkatimo, osati shiti yapamwamba yokha. Panatsala mashiti atatu, matawulo awiri: 3x + 2y.

Tsiku la mayeso, woyang'anira anaona mayi wamkulu akumanga mfundo m'malere, kunyamula chosaoneka n'kuchiika pambali. Anafufuza pansi pa desiki, osapeza kanthu, anangobwerera akupukusa mutu.

Lero makiyi a kochapira amalira m'chiuno mwa Anasopo, ndipo mtsikana uja amawagogodera asanalowe. Wodandaula ndi mlonda yekha. Akuti chikhozere mayeso mkazi wake, matawulo anasiya kuswana, ulimi wake wagwa usanayambe.