Odi wa amayi anga

Amayi anga analowa m'Malawi ali kumsana, makolo awo akuthawa nkhondo ya ku Mozambiki. Anakulira kwa Nsamala, kukwatiwa komweko, kutibereka ife asanu komweko. Koma pamene anzawo ankalandira chitupa cha unzika, iwo anauzidwa kuti ayambe apempha kaye kukhala nzika. Anapempha. Kenako zii, zaka zinayi.

Popanda chitupa dzina lawo silinkalowa pa mndandanda wa feteleza wotsika mtengo, ndipo chimanga chathu chinkangofika m'chiuno n'kuchita chikasu. Chimene chinkawapweteka koposa n'choti ngakhale adzukulu anayamba kuwaseka kuti ndi alendo.

Ikapita miyezi iwiri ndinkawaperekeza pa minibasi kupita ku ofesi ina ya boma, kapepala kosonyeza kuti anapempha atakapinda m'buku la nyimbo. Akafika ankaima pakhomo n'kunena kuti "Odi," ngati afika pa nyumba ya munthu. Panalibe woyankha. Ine, amene mtima wapachala ndinatengera bambo anga, ndinkawakankha ndi chigongono.

"Amayi, mu ofesi saodira. Ingolowani!"

Iwo osasuntha. Ankadikira mpaka kalaliki atatukula mutu n'kunena kuti mapepala ali kulikulu, abwerenso. Amayi n'kuwomba m'manja, "Zikomo bambo." Zikomo ameneyo ankandinyansa.

Loya wina wothandiza osauka, amene ankagula tomato pa benchi langa ku Liwonde, anandiuza kuti khoti lingathe kulamula ofesiyo kuti iyankhe. Amayi atamva anagwira pakamwa.

"Iyayi mwanangu, ndisumire boma londisunga?"

Analola loyayo atawatsimikizira kuti palibe amene akamangidwe.

Ku khoti ku Zomba, maloya atatha zawo, woweruza anafunsa ngati mayiwo ali ndi mawu. Ndinkaopa kuti angothokozanso. Anaimirira, n'kumangitsa chitenje chawo cha kutchalitchi.

"Bwana, sindinabwere kudzakakamiza kuti andivomere ayi. Kwathu munthu akaodira amayankhidwa, ngakhale m'nyumbamo mulibe cholowa m'kamwa. Ngati sakumufuna amamuuza, iye n'kuona kolowera. Ine ndaodira zaka zinayi."

Ndinagwetsa misozi, koma sinali ya chisoni. Mayi amene ndinkawayesa amantha aja anali atanena zimene ine ndi kulongolola kwanga konse ndinalephera kunena. Ndinkalakalaka nditauza aliyense m'chipindamo kuti amenewa ndi amayi anga. Woweruza analamula kuti ofesiyo ipereke yankho mwezi usanathe, kaya n'kuvomera kaya n'kukana.

Kalata inafika sabata yachitatu. Anawavomera.

Tsiku lokatenga mapepala ndinawaperekeza. Anaima pakhomo paja monga kale, ndipo ulendo uno chigongono changa ndinachisunga.

"Odi!"

Kalaliki uja anadzuka pampando.

"Lowani, mayi."