Nkhani Zothera pa Ulemu

Nditasiya ntchito ya mu ofesi ku Limbe, bambo anga ndinawauza kuti ndizikawerenga nkhani pa kanema. Silinali bodza, kungoti sindinawamasulire kuti nkhani zake ndi zamisala. Ine ndi anzanga awiri tinapatsidwa kampata pa kanyumba kena ka kanema kuseri kwa Ginnery Corner, ndipo pulogalamu yathu inali yoseka kanema yemweyo. Wolosera zanyengo ankangotulutsa dzanja pawindo n'kulengeza kuti, "Sikukugwa." Nkhani yongotipeza kumene inali yakuti wojambula wapita kukagula tchipisi, kamera n'kutsala italoza nsapato zanga.

Tinajambuliratu. Loweruka masana ndinapita kwathu ku Mpingwe kuti tikaonere limodzi, ndipo ndinapeza bambo ataitana msewu wonse, atavala jekete lawo la mgonero. Chigawo changa ndinaba kwa iwo. Bambo ndi mkulu wa mpingo, ndipo akaimirira pa chinkhoswe amapereka ulemu mpaka mpunga kuzizira. Ndinkaopa kuti akadziona adzandiuza kuti ndibwerere ku ofesi, nkhani n'kuthera pomwepo.

Ndiye ndinatulukira pa kanema nditavala jekete lobwereka, magalasi ali kunsonga kwa mphuno. Ndinatsokomola ngati iwo. "Ndisanayambe nkhani, ulemu kwa abusa ndi amayi busa, akuluampingo, amvano, inu mwabwera pa minibasi ndi inu mwasiyidwa pa siteji, inu mukuwodzera pa sofa, mphaka ali pansi pa tebuloyo..." Ulemu unapitirira mpaka nyimbo yotsekera inalira. Nkhani ng'o!

Anthu anafa nalo phwete. Amayi ena a mvano anatsetsereka pa mpando akukuwa kuti, "Ndi iwo! Ndi iwo ndithu!" Inenso kuseka kunkandikanda pakhosi, koma maso anga anali pa bambo.

Kenako anaimirira. Anakonza jekete, n'kutsitsa magalasi, n'kutsokomola. Pabalaza ponse panaphulikanso. Anayesa kutiyang'ana mwaukali koma zinawakanika, anaseka mpaka kugwira chitseko.

"Mwana iwe, wandibera ndi chifuwa chomwe," anatero akupukuta misozi. "Koma mphaka wamutchula, amayi ako wawasiya bwanji? Ine ulemu ndimayambira pamenepo."

Amayi anali pakhomo la kukhitchini, thileyi ya zitumbuwa ili m'manja. Bambo anawaloza ndi magalasi aja.

"Loweruka likubwerali uyambire iwo. Ndipo jekete usakabwerekenso, utenge langali."